Loboti la m'dimba langa la masitiroberi

Mawu akuti loboti ndinayamba kuwamva ndili kamtsikana, m'chibanda cha kanema kuseri kwa msika wa Zomba. Anandilowetsa mmenemo ndi achimwene anga, amene ine ndinawaponda pamutu, ndipo anandilumbiritsa kuti ndisakanene kunyumba. Pa kanemapo panali mwamuna wina wosaseka, woyenda khosi lili gwa. Adani ake atamudula mkono, sipanatuluke magazi koma mawaya ndi moto wothetheka. Chibanda chonse chinaimirira n'kukuwa kuti, "Loboti! Ndi loboti!" Nane ndinakuwa, ndipo mawu anga anaposa a onse. Ndinabwerera kunyumba ndikuyenda osapinda maondo, moti amayi anandiitanira kuseri n'kundifunsa ngati ndatuluka chithupsa.

Chiyambire tsiku limenelo mawu amenewa ndimawatchera khutu, ndipo andipusitsapo. Pa ulendo wanga woyamba wa ku Blantyre, kondakitala anafuula kuti, "Otsika pa maloboti!" Ndinaponda phazi la mayi wina pothamangira pawindo kuti ndiwaone anthu azitsulo aja ataima pamsewu. Ndinangoona nyali zitatu pamtengo, yofiira, yachikasu ndi yobiriwira. Ndinakwiya tsiku lonse, ngakhale sikono imene ndinagula sinandikomere.

Kukwaya, aphunzitsi athu a nyimbo akatopa nafe ankati, "Masulani nkhope, mukuimba ngati maloboti." Anyamata aja odzipaka utoto wa siliva, amene amavina modukizadukiza pa maukwati, nawonso ndi maloboti. Mwana wanga wamkazi, amene ali kusekondale ku Malosa, amati mayi uja woyankha pafoni kuti nambala siikupezeka si mayi ayi, ndi loboti, choncho ndileke kumuuza kuti zikomo. Ine sindinaleke. Malemu amuna anga nawo akandipeza ndikupalira dzuwa lili paliwombo, ankaima m'mbali mwa dimba n'kunena kuti, "Amayi, kodi batire lanu silitha? Ndinakwatira loboti ine." Chinali chipongwe, komanso ndiko kunali kuyamikira kwawo, pakuti anali munthu wouma pakamwa.

Maloboti onsewo anali a eni ake. Langalanga ndinadzakhala nalo ndili mayi wamasiye, ndipo anandikakamiza ndi anyani.

Ife timakhala m'phiri, kumtunda. Amuna anga ankacheka matabwa m'nkhalango ya paini, ine ndinkalima masitiroberi m'kadimba kathu m'mphepete mwa kamtsinje, n'kumakagulitsa m'timbale pamsewu wopita ku damu la Mulunguzi. Wolima m'phiri amalimira limodzi ndi anyani, zimenezo n'zodziwika. Chimene anthu a m'tauni sakhulupirira n'chakuti nyani saopa munthu wamkazi. Amuna anga ali moyo ankangokhosomola kuseri kwa tchire, gulu lonse n'kuthawira m'mitengo. Koma ine ndikagenda, chinyani chachikulu cha gululo, chong'ambika khutu, chinkangopendeka pang'ono mwala n'kudutsa, kenako n'kukhala pansi kumadzikanda pamimba chikundiyang'ana. Ndinayesa kuvala ovololo ya amuna anga ndi chipewa chawo. Chinandiona kayendedwe ndili patali, basi chinapitiriza kudya. Chaka choyamba cha umasiye wanga anyani anandisiyira masamba okhaokha.

Apo mpamene achimwene aja anakwera phiri kudzandiona. Iwo amawotcherera zitsulo kumsika, amakhala ku Chikamveka, ndipo popeza makolo athu anatsogola, eni mbumba ndi iwowo. Anayendera dimba lonse. Kenako anaona chipsera chimene nyani wina anandisiyira pamkono tsiku limene tinalimbirana dengu.

"Achemwali, zakwana," anatero. "Kwanga kuli chipinda chongokhala. Tsikani, muzikagulitsa tomato ndi alamu anu."

"Ine ndikagulitse tomato wa eni ake? Dimba ili tinalitsegula ndi manja athu, ine ndi malemu."

"Malemu anapita. Tsiku lina nyani ameneyu adzakung'ambani pakhosi, ndiye ine ndidzawauza chiyani anthu?"

Tinakangana mpaka tiyi anazizira m'makapu. Pomaliza anati ndilime chaka chimenecho chokha, ndipo anyani akandidyeranso nditsike popanda kuvuta. Ndinavomera ndi pakamwa, koma mumtima ndinkalira. Ndinkadziwa kuti kusiya dimba limenelo kunali ngati kuwaikanso m'manda amuna anga kachiwiri, ndipo sindinkafuna.

Nzeru inandibwerera ndikuchapa pa kamtsinje. Ana a kumtunda anali atasiya kagudumu kawo ka mapesi pamene madzi amagwa pamwala, ndipo kankangozungulira kokha popanda wokakankha. Ndinakayang'ana nthawi yaitali, sopo akuuma m'manja. Kenako ndinasiya zovala pamwala pomwepo n'kutsika phiri wapansi, osaima paliponse mpaka pa shedi ya achimwene.

"Achimwene, ndipangireni loboti."

Anakweza magalasi awo akuda aja n'kuwaika pamphumi. "Mwadya chiyani lero?"

Ndinatola choko chimene amalembera pazitsulo n'kujambula pansi. Gudumu la njinga lomangiriridwa zitini, madzi azigwera m'zitinimo, gudumu lizizungulira, chopalasira chizikoka waya, waya azikweza mkono. Mkonowo ugwire ndodo, ndodo izimenya khasu lakutha. Anzawo ogwira nawo ntchito anasiya nyundo n'kubwera kudzaona. Wina anati chimenecho n'chidole chabe. Wina, amene makolo ake anachokera ku Mozambiki, anati kwawo amangoimika mtengo wovekedwa nsanza ndipo palibe amene amautcha loboti. Ine ndinawauza kuti chidole sichikweza mkono, ndipo nsanza sizimenya khasu. Achimwene anandilanda choko m'manja, anafufuta waya wanga uja ndi phazi, n'kujambulapo tcheni cha njinga. Nditaona zimenezo ndinadziwa kuti mbedza yakola, chifukwa munthu ameneyu ukamupatsa chinthu chovuta kupanga amaiwala kuti munakangana.

Anagwira masabata awiri. Msana unali chitsulo cha bedi lakale, miyendo inali mapaipi, mutu kachigubu ka mafuta ophikira. Ine m'phiri sindinkakhazikika. Ndinkatsika kukaona, ndikabwerera ndiimbenso foni, mpaka anayamba kundidulira. Tsiku lokwera nalo phiri anakana kulimasula. Analikhazika kumbuyo kwa njinga yamoto ya mnzawo n'kulimanga ndi malamba a chubu, miyendo ili lendelende, mkono umodzi uli m'mwamba. Ine ndinakwera njinga ina pambuyo. Abale inu, Zomba inaima tsiku limenelo! Akabaza ankaliza mabelu, amayi ogulitsa nthochi ankakokana nsalu n'kumaloza. M'makhota a phiri, abambo otsika ndi mitolo ya nkhuni pa njinga ankachita kuiwala mabuleki, ndipo wina wosenza thabwa anatembenuka ndi thabwa lake lomwe n'kulipatsa moni. Ine ndinkangofuula kwa aliyense kuti, "Ndi langa! Ndi loboti langa!" ngati kuti ndakwatitsa mwana.

Titaliimika pakati pa dimba ndinaliveka ovololo ija, majombo ndi chipewa. Kumaso ndinalikuta ndi kathumba ka saka n'kuboola maso awiri. Pomanga mabatani ndinamva kuti kolala inkanunkhabe utuchi wa paini. Achimwene anayang'ana kumbali n'kumakonza nsungwi yodzera madzi imene anali atakonza kale.

Kenako anatsegula madzi. Chitini choyamba chinadzaza, chachiwiri chinadzaza. Gudumu linagwedezeka, linaima, linalira kwiii, n'kuyamba kuzungulira. Mkono unakwera pang'onopang'ono, unaima m'mwamba, n'kutsika pakhasu: ngwee! Ndinalumpha. Ndinaimba nthungululu mpaka agalu a kumtunda anauwa. Mayi woyandikana nane, amene timagulitsa limodzi pamsewu, anabwera akuthamanga poganiza kuti kwagwa zinazake. Ataliona anaima, anapinda maondo pang'ono n'kunena kuti, "Aloboti, mwaswera bwanji?" Tinaseka mpaka kugwirana mapewa. Nditamutumizira chithunzi mwana wanga, anaimba foni n'kunena kuti loboti lenileni limaganiza lokha, ichi n'chigayo chovala ovololo. Ndinamuuza kuti akabwera ku holide asadzakhudze masitiroberi a chigayo.

M'mawa mwake anyani anabwera nthawi yawo, dzuwa litangogunda nsonga za paini. Ine ndinali nditabisala kuseri kwa mwala, mtima uli m'mwamba. Chong'ambika khutu chinali patsogolo monga mwa masiku onse. Chitafika m'mphepete mwa dimba, mkono unakwera. Ngwee! Chinaima nji, chinauwa kamodzi, gulu lonse n'kubwerera m'nkhalango ana ali pamsana. Ndinadziluma chala kuti ndisakuwe.

Masiku asanu ndi anayi palibe nyani amene anaponda m'dimba mwanga. Mizere yonse isanu ndi itatu inayamba kufiira. Ndinkapita kutchalitchi osacheukacheuka, ndinkakhala pamsewu mpaka madzulo. Aliyense wogula ndinkamufotokozera za loboti, kaya wafunsa kaya sanafunse, ndipo alendo ena ankagula msanga kuti ndiwasiye apite. Ndinanenepa ndi chimwemwe m'masiku ochepa amenewo.

Tsiku lakhumi ndikuchokera kumsewu ndinachipeza chinyani chija chitakhala pansi patsogolo pa loboti, mutu wake ukutsatira mkono. Ukakwera, nacho chiyang'ane kumwamba. Ukatsika, nacho chiyang'ane pansi. Sichinadye kanthu tsiku limenelo, chinali pasukulu. Mawa lake ndinachipeza chitakhala paphewa pa loboti, phazi lili pachipewa cha amuna anga, chikutafuna masitiroberi, uku mkono wina ukumenyabe khasu mokhulupirika. Gulu lonse linali m'mizere. Ndinagenda, ndinatukwana, ndinalira ndi ukali. Pochoka anali atamaliza mizere itatu.

Mnzanga uja anabwera kudzandithandiza kutola zotsala. "Chalipereka n'chakuti silisintha," anatero. "Munthu amatopa, amadzikanda, amatembenuka. Awa aloboti ndi ngwee yemweyo kuyambira m'mawa. Ngakhale ine ndawazolowera."

Achimwene sindinawauze, koma nkhani za m'phiri zimatsika ndi ogulitsa nkhuni. Lachinayi anaimba foni. Sanakalipe ayi, ndipo zimenezo ndi zimene zinandiwawa kwambiri. Anangoti, "Tayesetsa, achemwali. Loweruka ndibwera ndi galimoto ya mnzanga tidzatenge katundu."

Lachisanu ndinakhala m'mphepete mwa dimba ndi legeni, kulondera mizere isanu yotsala, ndikuliyang'ana loboti langa ndi diso loipa. Ndiye ndinaona chinthu chimene ndinali ndisanachiganizire. Chaka chonse chinyani chija chinali chisanandiyandikirepo pofika dzanja langa. Chinkadziwa pamene mwala wanga umagwera n'kumakhala kuseri kwake pang'ono. Koma loboti chinkalikwera paphewa. Ndinaimirira n'kupita kwa mnzanga, ndipo nditamufotokozera anagwira pakamwa.

"Iii, amayi inu! Mukufuna ndikhale mboni pa maliro anu?"

"Ndikufuna mundigwirire sipanala basi. Mukatero mupite kwanu."

Loweruka m'bandakucha tinamasula loboti n'kuligoneka muudzu, n'kulifundika masamba ouma a paini. Gudumu tinalisiya lizizungulira kuti kulira kwake kusasinthe. Ine ndinavala ovololo, majombo ndi chipewa, n'kudzikuta kumaso ndi kasaka kaja. Dzanja lamanja linagwira ndodo. M'dzanja lamanzere, mkati mwa mkono wa ovololo, ndinabisa chikoti chodula ku tayala. Ndinaima pamalo pomwe pa loboti, mapazi m'maenje ake. Mnzanga anandiyang'ana, anapukusa mutu, koma kwawo sanapite. Anakabisala kuseri kwa mwala uja akupemphera chapansipansi.

Musamaliderere loboti, ntchito yake ndi yowawa. Gudumu likalira kwiii ndikweze mkono, ndiime pang'ono, ndimenye khasu. Likaliranso ndikwezenso. Mphepo ya m'phiri inkalowa m'kolala, mame analowa m'majombo. Mphuno inayamba kuyabwa. Nyerere ina inakwera mwendo wakumanzere n'kumayendera zake osafulumira. Phewa linayaka moto. Ndinkadziuza kuti kuona maso a nkhono n'kudekha, koma kunena zoona ndinkafuna kuseka, chifukwa ndinadziona ndekha, mayi wa mwana wa kusekondale, membala wa kwaya, nditaima m'dimba kunamizira chitsulo chimene chinapangidwa kuti chinamizire munthu.

Dzuwa linagunda nsonga za paini, ndipo anabwera. Aakazi ndi ana analowa m'mzere wakumapeto n'kuyamba kudya ine ndikuona ndi maso angawa kudzera m'tizibowo ta saka. Chipatso chilichonse cholowa m'kamwa mwawo chinkandibaya mumtima, koma mkono sunaphonye. Kwiii, ngwee. Kwiii, ngwee. Chong'ambika khutu chinabwera pambuyo, chikuyenda ngati mwini munda. Chinathyola zipatso ziwiri, chinakhala pansi pafupi ndi majombo anga, n'kundifulatira. Fungo lake linandilowa mpaka kukhosi. Ndinaona mano ake pamene chinayasamula, ndipo sindinama, mantha anandigwira, ndinakumbukira mawu a achimwene onena za pakhosi. Kenako chinatembenuka n'kuika dzanja pabondo langa kuti chikwere.

Pamenepo ndinaphulika. Mawu amene anatuluka m'kamwa mwanga sindikuwadziwa kumene anachokera. Chikoti chinatera pamsana pake, thwaa! Chinalumpha m'mwamba chikulira ngati kamwana, n'kugwera mu kamtsinje pafupi ndi gudumu. Chitavuuka ndinali nditafika kale, ndipo ndinachipatsanso china cha m'matako. Gulu lonse linabalalika, wina kukwera mtengo, wina kugwa, ana kukuwa. Ine pambuyo pawo ndi majombo aakulu, limodzi linatsala m'matope, ndikuwatchula mayina onse oipa amene ndinawasungira chaka chathunthu. Mnzanga anatuluka kuseri kwa mwala akuimba nthungululu, pemphero ataliiwala. Anyaniwo ndinawathamangitsa mpaka m'kati mwa paini, ndipo ndinkawamva akuthyola nthambi kutali, kutsidya kwa khwawa.

Pobwerera ndikupuma wefuwefu, ndinaona munthu atakhala pansi pa kanjira kolowera m'dimba, miyendo ili tambalale. Anali achimwene. Analawirira, galimoto anaisiya kumsewu, ndipo anafika nthawi yomwe loboti limene anawotcherera ndi manja awo linachoka pamalo pake n'kuyamba kuthamanga likutukwana. Anangokhala pansi pomwepo.

"Mayo ine," ankangotero. "Mayo ine."

Ndinavula kasaka kumaso. Anandiyang'ana, anayang'ana phazi langa lopanda jombo, kenako anayamba kuseka. Anaseka mpaka kutsokomola, akumenya pansi ndi dzanja, misozi ili mbwembwembwe. Nane ndinakhala pansi pambali pawo n'kumaseka. Sindikudziwa pamene kuseka kunathera, koma ndinangozindikira kuti tonse awiri tikulira zenizeni, iwo atagwira mkono wa ovololo ya alamu awo. Chimwalirire amuna anga ndinali ndisanasekepo choncho, ndipo ndinali ndisanalirepo pamaso pa achimwene.

Atapukuta m'maso anati, "Achemwali, mukanalumidwa."

"Ndikanalumidwa, koma sindinalumidwe."

"Nanga akabweranso?"

"Abwera ndithu. Koma aziima patali n'kumafunsana kuti lero m'ovololomo muli chitsulo kapena muli mayi uja. Tsiku lina liziima loboti, tsiku lina ndiziima ine, ndipo ngakhale ine mwini sindizidziwiratu tsiku lake."

Anayang'ana mizere isanu ija ili psuu ndi dzuwa la m'mawa. Ine ndinkawayang'ana pakamwa, chifukwa tinali titapangana, ndipo anyani anali atandidyeradi. Akanati tiyeni tikapakire, ndikanatsika. Anathyola chipatso chimodzi, anachipukuta pa malaya n'kudya, n'kuthyolanso china.

"Sipanala ija ili kuti?" anafunsa. "Tiyeni tiliimike, dzuwa lakwera. Komanso majombo awa ndi aakulu, mudzagwa nawo. Ndikakupezerani a saizi yanu."

Mmenemo ndi mmene ndikulimira mpaka lero. Anyani amabwera, amakhala m'mitengo ya m'mphepete, amayang'anitsitsa mkono ukukwera ndi kutsika, ndipo chong'ambika khutu chimakhala kumbuyo kwa onse. Nthawi zina wachinyamata amayesa mwayi n'kuba kumzere wakumapeto, zimenezo ndimazilola.

Tsiku lija tinaliimika loboti, tinaliveka, kenako atatufe tinalowa m'mizere kuthyola. Dalaivala anatopa kudikira kumsewu, anabwera kudzafunsa za katundu, ndipo tinamupatsa kambale kuti naye athyole. Galimoto inatsika phiri masana ilibe mphasa yanga, ilibe mpando wanga. Kumbuyo kwake kunali timbale ta masitiroberi topita kwa alamu ndi ana, ndi achimwene atakhala pansi, atatigwirira ndi manja onse awiri kuti tisatayike m'makhota.